Khoti Lidikire Mpunga wa AnyaGoma

Ku Chikwa mukafunsa za Vainess Goma, ambiri ayamba akanda kumutu. Koma mukati anyaGoma a nsomba, aliyense akulozerani njira, ndipo ena awonjezera kuti mukalankhule bwino chifukwa mayiwo sasunga yankho mpaka mawa. Ndi mayi wamfupi, wa mapewa otambalala, wa zaka makumi asanu ndi mphambu zingapo. Dzino lawo limodzi lakutsogolo linatsalira pamsewu wa ku boma tsiku lomwe njinga inawagwetsa atanyamula madengu awiri, ndipo akamaseka sabisa mpatawo.

Anabadwira konko, mwana wachinayi wa msodzi. Mayeso a giredi seveni anakhoza, malo ku sekondale anapezeka, koma ndalama ya ulendo ndi yunifolomu inapita kwa mlongo wawo wamwamuna, yemwe sanamalize ngakhale chaka. Nkhaniyi amainenabe mpaka lero ngati yachitika dzulo. Anakwatiwa ndi Meshack Zimba, kalipentala wofatsa amene zitseko zake zidakalipo m'nyumba zambiri za kuderalo, ndipo anabereka ana asanu ndi mmodzi, awiri n'kumwalira ali aang'ono. Matenda a shuga atayamba kutseka maso a Meshack, mpaka kulephera kuona mzere wa pensulo pathabwa, anyaGoma sanakhale pansi kulira. Anatenga njinga ya amuna awo, anatsitsa chishalo, nayamba kugula nsomba kwa asodzi a m'Luangwa. Ankaziwamba okha, n'kumakazigulitsa kumsika wa ku Chama. Pambali pa geniyo ankalima chimanga pang'ono kumtunda ndi mpunga kudambo lomwe anasiyiridwa ndi mayi awo.

Chaka chilichonse, kuyambira tsiku loyamba la Disembala mpaka kutha kwa Febuluwale, boma limatseka mitsinje kuti nsomba ziswane. Aliyense wa m'chigwa cha Luangwa amadziwa, ndipo anyaGoma ankadziwa kuposa ambiri. Koma chaka chimenecho Meshack anagonekedwa kuchipatala sabata ziwiri zomaliza za Novembala, dengu lodzaza milamba yowamba kale likungokhala m'nyumba. Atatuluka, Disembala anali atalowa, mankhwala akufunika, ndipo mwana wawo womaliza, Irene, anali kudikira zotsatira za mayeso. AnyaGoma anayang'ana dengu limodzilo, anaona kuti silikwanira kanthu. Anapita kwa asodzi omwe ankaponya maukonde mobisa, nagula nsomba za dengu lachiwiri.

Anawagwira atatsala pang'ono kulowa m'boma. Akuluakulu a zansomba anali ataima ndi apolisi pansi pa mtengo, ndipo fungo la milamba linawaulula asanatsike n'komwe panjinga. Madengu onse awiri analandidwa. Iwo anagona masiku awiri m'chitokosi cha apolisi, kenako anauzidwa tsiku loti adzaonekere kukhoti.

Mlandu unalowa kumayambiriro kwa Januwale. Woweruza anali bambo wachinyamata wa magalasi, wolankhula Chingerezi motsitsa mawu. Womasulira anali kalaliki wa pakhotipo, Doris, mtsikana wochokera ku Kabwe amene anali asanathe chaka ku Chama. Atawerengeredwa mlandu, anyaGoma anafunsidwa ngati akuvomera kapena akukana.

"Dengu limodzi ndikuvomera," anatero. "Linalo ndikukana. Linali la Novembala."

Doris anawanong'oneza kuti khoti silimva yankho lotero, anene chimodzi.

"Mwana wanga, iwe masulira momwe ndanenera. Usachotse, usawonjezere. Dengu la kumanzere ndinagula mitsinje itatsekedwa, ndikudziwa, ndinali ndi maso. La kumanja munandilanda langa."

Anthu anaseka m'khotimo mpaka wapolisi anamenya tebulo. Woweruza anafunsa ngati anali ndi chikalata chosonyeza kuti nsomba za kumanjazo zinagwidwa chiletso chisanayambe. Analibe. Anawapeza olakwa, nawalamula kulipira chindapusa cha K3,000 pasanathe masiku makumi atatu, apo ayi akakhale kundende miyezi inayi.

Masiku makumi atatu kuchokera mu Januwale amakathera mu Febuluwale, mwezi womwe nkhokwe za m'chigwa zimakhala zikulira mphepo. Palibe amene amakhala ndi ndalama nthawi imeneyo, kupatula anthu ngati Brilliant, mng'ono wake wa Meshack, mwini golosale amene amagulanso mpunga wa anthu udakali m'munda. Sipanathe masiku atatu asanafike pakhomo, atavala jombo zatsopano.

"Mulamu, ndamva zonse," anatero atakhala pampando womwe mkulu wake anakhoma kalekale. "Ife ndi banja limodzi, sitingaonerere mukupita kujele. Ndalama ndili nayo, lero lomwe. Ine ndingotenga mpunga wa chaka chino, ndi kulimako dambo lija zaka ziwiri. Basi."

AnyaGoma anali kusankha nyemba m'lichero. Sanakweze mutu.

"Dambo lija limatulutsa matumba makumi awiri mvula ikakhala bwino. Zaka zitatu ndi matumba angati, mulamu? Inu ndinu a masamu."

"Manje mufuna chiyani? Mukagone pa simenti ndi mahule?"

"Khoti landilipiritsa kamodzi. Inu mufuna kundilipiritsa katatu, kenako mudzaimirire pamaliro anga kunena kuti munandithandiza. Imwani madzi muzipita."

Brilliant anachoka akupukusa mutu, nauza anthu kugolosale kuti mlamu wake wauma mutu ngati chitsa cha mtengo wa mopane. Meshack, yemwe anamva zonse ali chikhalire pakhonde, anadikira kuti mapazi a mng'ono wake azimiririke.

"NyaGoma," anatero, "ku Malawi si kutali. Mchemwali wako alipo kuja. Ukakhaleko mpaka kukolola, anthu aiwale."

"AZimba, mlandu suwola. Ndithawe, ndisiye mpunga ukufuna kupalira, ndisiye inu mukufufuza khomo ndi ndodo, chifukwa cha milamba? Ine sindinabe za munthu. Sindithawa."

"Ndiye ndalama uitenga kuti?"

"Ili kudambo. Sinakhwime chabe."

Anagulitsa mbuzi imodzi ndi nkhuku zinayi, zonse pamtengo wa njala, napeza K700. Anapalira mpunga wonse, kuyamba m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, msana ukuwotcha. Kutatsala masiku asanu ndi limodzi kuti nthawi ithe, anazula phata limodzi la mpunga ndi mizu yake, analikulunga m'pepala la pulasitiki lonyowa, anamanga ndalama m'mphepete mwa chitenje, nauza Irene kuti asamale bambo ake. Anzawo a kumpingo anabwera kudzawatsanzika ngati munthu wopita osadzabwerera. Mmodzi anawauza poyera kuti khoti likanena lanena. Palibe anapitako kukapempha masiku n'kubwerako.

"Munapitako inu?" anafunsa anyaGoma.

Mayiyo anati ayi, koma anamva.

"Ndiye ndikamve ndekha."

Ulendowo unawatengera masiku awiri. Mvula inali itasandutsa msewu kukhala phala, ndipo malo ambiri njinga ndiyo inkakwera pa iwo. Pamtsinje wina madzi anawafika m'chifuwa. Anawoloka kawiri, koyamba ndi katundu pamutu, kachiwiri ndi njinga paphewa. Anafika kukhoti Lachitatu m'mawa, matope atauma m'miyendo mpaka m'mawondo.

Doris anawazindikira nthawi yomweyo. Anatsegula buku la malisiti, natambasula dzanja.

"Mwabweretsa ndalama ya faindi ija, amayi?"

"Ndabweretsa K700 ndi mawu."

"Pano timalandira ndalama yonse. Mawu munanena kale m'khoti."

"Ndikufuna kuonana ndi bwana uja wa magalasi. Ndimuuze kuti masiku ake makumi atatu anawerenga pa kalendala ya anthu olandira malipiro. Ife kalendala yathu ndi ina."

Doris anawauza kuti woweruza saonana ndi anthu mwachisawawa, ndipo ali ndi milandu yambiri. AnyaGoma anati palibe vuto. Anatuluka, anayala chitenje pakhonde moyang'anana ndi zenera la Doris, anakhala pansi, natulutsa chinangwa chophika. Anakhala pamenepo tsiku lonse. Aliyense wodutsa amene anawafunsa, anamuuza nkhani yonse kuyambira pa madengu. Madzulo anakagona kwa mwana wa msuweni wawo kuseri kwa msika, ndipo Lachinayi Doris pofika pantchito anawapeza atayala kale chitenje, akuwaza madzi paphata la mpunga lija.

Cha m'ma teni koloko Doris anatuluka, naima pafupi nawo akuyang'ana kumbali.

"Amayi, mukundichititsa manyazi."

"Ine ndangokhala. Khonde ndi la boma, ndipo boma ndili nalo ngongole, ndiye ndili pakhomo pa mwini ngongole."

Doris anaseka osafuna. Kenako anatsitsa mawu. Anati njira ilipo, kungoti anthu saifunsa. Munthu wolamulidwa kulipira atha kulemba kalata yopempha khoti kuti limuwonjezere nthawi, kapena kuti azilipira pang'onopang'ono. Woweruza atha kuvomera, athanso kukana. Chachikulu n'chakuti apemphe nthawi isanathe, asanatumiziridwe apolisi.

"Ndiye bwanji sunandiuze dzulo?"

"Simunafunse zimenezo. Munati mufuna kuonana ndi bwana."

"Bwanji simunatiuze tsiku la mlandu, tonse tinali pamenepo tija?"

Doris anawapatsa pepala ndi cholembera. AnyaGoma anakana kuti awalembere. Anatsamiritsa pepalalo pachishalo cha njinga, nalemba okha m'Chinyanja, ndi zilembo zazikulu za giredi seveni zomwe zinali zisanagwire ntchito zaka zambiri. Doris anamasulira m'Chingerezi papepala lina, naphatikiza awiriwo.

Anaitanidwa Lachisanu masana, milandu ina itatha. M'khoti munali anthu ochepa. Woweruza anawerenga kalatayo kawiri, nafunsa wapolisi woimira boma ngati ali ndi chonena. Wapolisiyo anaimirira nati mayiyu anapatsidwa kale masiku makumi atatu, yomwe ndi nthawi yokwanira. Akuchokera kutali komwe galimoto sizifika dzinja, ndipo akasowa palibe angakamupeze. Komanso khoti likavomera, mawa chigwa chonse chidzadzaza pakhonde kupempha zomwezo.

Doris anamasulira. AnyaGoma anamvetsera mpaka kumapeto, manja ali kumbuyo.

"Bwana," anayamba, "bamboyu akuti ndingasowe. Kusowa ndikanasowa ndili kwathu. Malire ndimawadziwa, njira ndimaidziwa, wondilandira aliko. M'malo mwake ndawoloka madzi a m'chifuwa kubwera kuno, komwe kuli maunyolo. Wothawa amathawira kupolisi?"

Anamasula pulasitiki, naika phata la mpunga patebulo la Doris. Madzi akuda anayenderera pafupi ndi mafayelo, Doris n'kukokera mafayelowo kumbali msanga.

"Ndalama yanu ndi iyi. Ili ndi masabata asanu ndi awiri. Itulutsa ngala mu Epulo, ndimweta mu Meyi, ndipuntha, ndiyanika, ndigulitsa mu Juni. Mukanditsekera manje, mundidyetsa miyezi inayi ndi ufa wa boma, mpungawu udyedwa ndi udzu ndi mbalame, ndipo simulandira ngakhale ngwee imodzi. Amuna anga saona. Ine sindikupempha kuti mundikhululukire, ayi. Dengu lija ndinavomera. Ndikuti dikirani."

Woweruza anavula magalasi, nafunsa za mfundo yomaliza ya wapolisi, yoti ena adzabweranso.

"Abwere. Ngati lamulo lilipo, ndi la anyaGoma okha?"

Woweruza analemba nthawi yaitali. Kenako ananena chigamulo, Doris akumasulira chiganizo chimodzichimodzi. K700 ilandiridwe lero. Yotsalayo ilipiridwe pofika pa 30 Juni. Koma tsiku limenelo likadutsa, ngakhale ndi tsiku limodzi, sipadzakhalanso kalata ina, adzapita kundende. Anawafunsa ngati amva.

"Ndamva, bwana. Mundilembere papepala, ndi chidindo. Pakamwa pamaiwala."

Anatuluka ndi mapepala awiri, lisiti ndi chigamulo, atawakulunga m'pulasitiki momwe munali mpunga muja. Phatalo analisiya patebulo.

Kwawo anthu sanakhulupirire mpaka ataona chidindo. Brilliant anati zimenezo n'zongochedwetsa maliro. Juni afika, ndipo mtengo wake pamenepo udzakhala wina. AnyaGoma anamanga nsanja m'mphepete mwa dambo, nasamukira konko mpunga utayamba kutulutsa ngala. Ankaumba ndowe za njovu ndi tsabola wowawa, n'kuziyanika, kuti azifukiza kumbali yochokera nyama, utsi wake uzithamangitsa njovu. Mbalame ankazipirikitsa ndi zitini zomangirira pachingwe, mpaka mawu anawathera.

Njovu zinabwerabe. Kumapeto kwa Epulo, kutacha tsiku lina, anapeza mbali yonse ya kumtsinje itapondedwa ngati pabwalo la mpira, ngala zitazulidwa, mapazi aakulu atadzaza madzi. Anaima pamenepo nthawi yaitali. Amene anali nawo pafupi amati sanalire. Anatukwana njovuzo ndi mayina a makolo awo, kenako anawerama n'kuyamba kudzutsa mapata omwe anali asanathyoke, limodzilimodzi, kuwamangirira ndi luzi kuti aime.

M'malo mwa matumba makumi awiri anapeza asanu ndi anayi. Ogula a m'mudzi, Brilliant ali patsogolo, anatchula mtengo wotsika podziwa kuti mayiyo ali pampanipani. AnyaGoma anakana. Anapita nawo kuchigayo cha ku boma thumba limodzilimodzi panjinga, maulendo asanu, nagulitsa mpunga woyera pa meda, kachitini koyezera, kumsika, kwa aphunzitsi ndi anamwino. Matumba anayi anatsala m'nyumba. Pofika pa 20 Juni ndalama inali itakwana.

Meshack anawachonderera kuti akalipire msanga, chinthu chingachitike panjira.

"Anandipatsa mpaka pa 30," anatero anyaGoma. "Mpaka tsikulo ndalamayi ndi yanga."

Ndipo anaigwiritsadi ntchito. Mitsinje inali yotsegula, ndiye anagula nayo nsomba, anaziwamba, nakazigulitsa, phindu lake n'kugulira Irene nsapato ndi makope. Ananyamuka ulendo womaliza nthawi ilipo, anagona ku boma, ndipo pa 30 Juni, khoti litangotsegulidwa, anali woyamba pazenera. Doris anawerenga ndalamazo kawiri, nalemba lisiti.

"Ndimaopa kuti simubwera," anatero Doris. "Dzulo bwana anandifunsa."

"Muuze kuti ndabwera. Umuuzenso kuti dengu la kumanja lija ndikulikumbukabe."

Kuchokera chaka chimenecho, anyaGoma sanagulenso nsomba za chiletso. Samanena kuti analapa. Amati anawerengera n'kuona kuti milamba ya Disembala ndi yodula kuposa nyama ya ng'ombe. Sabata yomaliza ya Novembala amapita ku ofesi ya zansomba ndi madengu awo onse, n'kuima pakhomo mpaka wina atuluke, awerenge, alembe chikalata. Ena mwa ogwira ntchito kumeneko akawaona akubwera amayamba kufunafuna cholembera asanapatsidwe moni. Ndi Brilliant amapatsana moni pamaliro ndi kutchalitchi basi. Meshack tsopano saoneratu, koma amaluka mipando ya mlaza ndi manja okha, ndipo anyaGoma amaikweza pamwamba pa madengu popita kumsika.

Zomwe wapolisi uja ankaopa zinachitika, ngakhale osati chigwa chonse. Anthu amene khoti lawalipiritsa anayamba kufika pakhomo pawo, ena ochokera mpaka ku Kambombo: wogwidwa ndi nyama ya m'tchire, womenya mnzake pamowa, wowotcha makala popanda chilolezo. AnyaGoma samawamvera chisoni kwambiri. Amayamba ndi kuwafunsa ngati anachitadi. Kenako amafunsa tsiku lomwe nthawi ikutha, chomwe ali nacho m'manja, ndi chomwe chili m'munda. Wofuna kunama m'kalata amamubweza.

Si onse amene zimawayendera. Chaka chatha anaperekeza Jeremy Ng'uni, bambo wa ana asanu amene anagwidwa ndi nyama ya mphala. Jeremy anazengereza, akuyembekezera m'bale wake wa ku Lusaka amene analonjeza kutumiza ndalama, ndipo anafika kukhoti nthawi itadutsa ndi masiku anayi. Woweruza anali wina, mayi watsopano. Anamvetsera, anawerenga kalata, nakana. Jeremy anatengedwa pomwepo, anyaGoma akuona.

Anabwerera okha, akukankha njinga ziwiri, yawo ndi ya Jeremy. Atafika anakasiya ya Jeremy kwa mkazi wake, namuuza zonse mosabisa, mayiyo akulira. Mawa lake m'mawa anadutsa makomo anayi a azimayi a kumpingo, khasu lili paphewa.

"Chimanga cha aNg'uni chikufuna kupalira," ankatero pakhomo lililonse. "Mwini wake abwera mu Meyi. Asadzapeze thengo. Tiyeni."

Atatu anatuluka. Wachinayi anati ali ndi zochita, ndipo anyaGoma anamuuza kuti amudikira pompo mpaka azimalize. Anatsamira khasu pakhoma, nakhala pansi.